Cholembera Chofiira cha Mayi Koivisto

Mayi Arlene Koivisto anandiphunzitsa kuwerenga
ndili ndi zaka khumi ndi ziwiri,
msinkhu woti manyazi ayamba kale kumera ndevu.
Anzanga akakwera basi yachikasu ine ndinkatsala,
tonse awiri titavala majekete m'kalasi,
pakuti mapaipi otenthetsa ankangotsokomola
ngati bambo anga akaweruka ku mgodi wa chitsulo.

Sankakalipa.
Ankangoika chala pansi pa liwu n'kudikira.
Kudikirako n'kumene kunkaopsa.

Zaka makumi awiri ndi zitatu akudya fumbi la choko.
Kenako usiku wina wa Januwale madzi anaundana,
paipi inaphulika, denga la laibulale linagwera mabuku,
akuluakulu n'kuyankha kuti ndalama palibe,
tionane chaka chamawa.
Iwo anati: kudikira ndimakudziwa, koma uku n'kugona.

Anayamba kugogoda khomo ndi khomo.
Theka la otsegula anali ana awo akale,
ena atanyamula makanda,
ena akubisa botolo kumbuyo ngati akadali pasukulu.
Anapambana ndi mavoti osakwana zana.
Imodzi inali yanga,
ndipo dzina lawo papepalapo ndinaliwerenga ndekha.

Ku St. Paul, m'nyumba ya malamulo ya Minnesota,
anawapatsa mpando wakumbuyo,
malo amene ana aulesi ankalimbirana.
Akuti bilu iliyonse ankaiwerenga mpaka tsamba lomaliza,
cholembera chofiira chili m'manja,
moti phungu wina wa imvi anabwezeredwa yake
italembedwa m'mphepete: Apa mukutanthauza chiyani?

Bilu yawo, ya madenga ndi mapaipi a sukulu zakumidzi,
inafera m'komiti.
Chaka chotsatira inaferanso momwemo.
Kasanu konse anainyamula ngati mtembo kubwerera nayo kumpoto,
maola anayi pamsewu woterera.
Ulendo wachisanu ndi chimodzi inadutsa,
koma panali mtengo wake:
avomereze kuti sukulu zing'onozing'ono ziphatikizidwe.
Yathu inali pamndandandapo.

Ndinawapeza m'sitolo akusankha mbatata.
Ndinati: Aphunzitsi, mwatigulitsa.
Sanakane. Anati: Darrel,
sukulu makumi anayi zapeza denga, imodzi yatsekedwa.
Samu imeneyi ndimaibwereza usiku uliwonse.
Yankho limatuluka lomwelo, ndipo silindigonetsa.

Ndinatuluka osagula kanthu.
Zaka zinayi ndinkawoloka msewu ndikawaona.

Pachisankho chomaliza anagonja
kwa mnyamata amene anamuphunzitsa okha masamu ogawa.
Anamuimbira foni kumuyamikira,
n'kumuuza kuti aziwerenga asanakweze dzanja.
Katundu wa zaka khumi ndi zinayi anakwana m'makatoni atatu.

Ine tsopano ndimayendetsa chigalimoto chokankha chipale chofewa.
Sukulu yathu ija inasanduka mosungira mchere wothira mumsewu,
ndipo ndimapakira mcherewo
pafupifupi pomwe panali desiki yanga.
Mwana wanga amayenda mphindi makumi anayi pa basi,
kalasi yake ndi yofunda, amavula jekete akalowa.
Zonse ziwirizi n'zoona.
Sindidziwa kuti ndiziike bwanji m'thumba limodzi.

Kamsewu ka kwawo sikali pa ntchito yanga,
komabe ndimakhotera komweko kusanache.
Nyali ya kukhitchini imakhala ikuyaka.
Sindiimba hutala, iwonso satsegula katani.

Sabata yatha ndinalemba kalata,
mizere isanu ndi iwiri imene inanditengera usiku wonse,
n'kuiponya m'bokosi la pageti pawo.
Dzulo yabwerera.
Mawu awiri azunguliridwa ndi inki yofiira,
ndipo m'munsi, zilembo zikunjenjemera pang'ono,
alemba kuti: Konza apa ndi apa.
Ubwere nayo Lachinayi, khofi adzakhala pamoto.